Mlandu Umatsata Khomo

Padangokhala, ndipo amene tili naye limodzi avomere, padali Gologolo wina wamasiye amene ankachita lendi m'mphako ya mkuyu wa Ng'azi. Adali ndi ana atatu. Woyamba dzina lake Kamchira, mwana wa masaya onenepa, wokonda kugona chagada n'kumafunsa mitambo kumene ikupita. Choncho aliyense ankamuitana Gologoloyo kuti amake Kamchira.

Mphakoyo idali ndi makomo atatu. Lina lidali pansi patsinde, lina pamwamba panthambi, ndipo lachitatu lidali kumizu, m'kati mwa madzi a mtsinje.

Lendi yake idali lichero limodzi la nkhono mwezi ukaoneka. Chaka chotsatira idakhala malichero awiri. Gologolo adangotola nkhono mpaka zala kusupuka. Ndiye tsiku lina Ng'azi adafika mwezi usanaoneke, nakhala pakhomo, n'kuyamba kuyang'ana ana m'malo moyang'ana lichero.

"Amake Kamchira, zinthu zakwera."

"Zakwera ndithu, bambo. Ndi nkhono zomwe zayamba kusowa."

"Nkhonozo zandikola. Mwezi ukubwerawu musavutike n'kutola."

Mtima wa Gologolo udati myaa. Adayamba kuwomba m'manja kuthokoza.

"Mudzangondipatsa mwana mmodzi."

Manja aja adauma ali m'malere.

"Mwati chiyani?"

"Mwana. Wamasaya uyo. Taonani, ine ndikukuganizirani. Nyumbayi ndi yaing'ono, mukupanikizana. Akachoka mmodzi, inu mupeza pogona, ine ndipeza ndiwo. Tonse tapindula."

"Lendi ya mwana? A Ng'azi, mwamwa chiyani?"

"Madzi okha, mayi. Ngati yakulemerani, tulukani, makomo ndili nawo atatu. Koma paja wotuluka amayamba walipira mwezi wotulukirawo."

Adapita akugwedeza mchira. Gologolo adatsala akuganiza. Kukhala, mwana apita. Kutuluka, mwana apita. Kuthawanso kukadamufikitsa kuti, poti mphako zonse za m'deralo zidali za abale ake a Ng'azi yemweyo? Adawerenga masiku: mwezi udatsala ndi masiku asanu ndi atatu kuti uoneke.

Nthawi imeneyo mabwalo a milandu adalipo atatu. La pamtunda woweruza wake adali Njiri, la mumlengalenga Khwangwala, la m'madzi Mlamba. Ndipo lamulo lakale linkati mlandu wa nyumba umatsata khomo: kumene khomo layang'ana, ndi kumene mlandu ukaweruzidwe.

Gologolo adathamangira kwa Njiri, poti naye ndi wa miyendo inayi. Adamupeza atagwada, akudya mizu.

"Mwana?" Muzu udagwa kuchokera m'kamwa mwa Njiri. "Mwana wamoyo? Lendi? Zaka zonse zimene ndakhala pampando uno sindinamvepo malodza otere! Pitani, mayi. Lero lomwe alandira chisamani. Mawa ndibwera ndekha, ndipo lendi yoyenera ndiitchula ine."

Chisamani chidafikadi, kalata ija yoitanira munthu kubwalo. Ng'azi adachiwerenga, natsikira kumtsinje, nabwera ndi dothi. Adayamba kumata khomo la patsinde, akusalaza ndi mchira. Gologolo adayesa kuti mantha amugwira, wayamba kukonza nyumba.

M'mawa Njiri adafika ndi ulemu wake wonse. Adazungulira mtengo kawiri.

"Khomo lili pati?"

"Pamwambapo, bwana," adatero Ng'azi, maso ali pansi ngati mwana wolangizidwa bwino. "Nyumbayi ndi ya khomo limodzi, ndipo layang'ana kumitambo."

Njiri khosi lake silitukuka. Adachita kugona chammbali kuti aone, naona kadzenje kutali panthambi. Adadzuka, nasasa fumbi.

"Pepani, amake Kamchira. Mtima wanga uli nanu, koma mlanduwu si wanga. Ndi wa mbalame."

"Koma bwana, dothilo ndi laliwisi! Likhudzeni!"

"Ine ndimaweruza makomo, mayi. Za madothi muwafunse oumba mbiya."

Tsiku limenelo Gologolo adakwera kunyumba kwake akuyimba. Idali nyimbo yofunsa kumene mlandu wa mmphawi umagona dzuwa likalowa, ngati uli ndi mphasa, ngati alipo amene amaufunditsa. Ana ake, osadziwa kuti nyimboyo ikunena za iwo, ankavomera m'katimo ndi timawu tawo kuti umagona panjira.

M'mawa mwake adakwera mpaka pansonga ya mtengo wa bwalo la Khwangwala. Khwangwala adamumvetsera akukonza kolala yake yoyera.

"Khwaa! Mwana? Nkhaniyi ikununkha, ndipo za zonunkha ine ndimazidziwa. Ng'azi ameneyo aona chimene chidameta nkhanga mpala. Mawa ndili komweko."

Chisamani chidafika. Ng'azi adachiwerenga, nakwera ndi dothi pamutu kukamata khomo la panthambi. Madzulo amenewo Gologolo adalowa m'nyumba mwake posambira, ubweya uli nyowe, mano akugundana.

M'mawa Khwangwala adatera panthambi, najompha apa, najompha apo.

"Khomo?"

"Lili m'madzimo, bwana. Tsikani mukadzionere."

"Kolala yanga inyowe?" Khwangwala adatambasula mapiko. "Mayi, mwanditayitsa nthawi. Uwu ndi wa nsomba."

Nyimbo ija idamvekanso, tsopano ili ndi chifuwa. Ana adavomera monga poyamba, koma Kamchira adafunsa chifukwa chake amayi ake akuyimba misozi ili mbwembwembwe.

Kwa Mlamba ndiye kudali ntchito. Gologolo mpweya wake ndi waufupi, ndipo bwalolo limakhala pansi pa dziwe. Adamira koyamba, nangonena kuti "Ng'azi," n'kuvuuka. Adamira kachiwiri, nati "lendi." Kachitatu adati "mwana wanga," madzi n'kumulowa m'mphuno. Mlamba adalumikiza yekha mawuwo, ndevu zake n'kuima njoo.

"Mayi wanga ine! Ndi ife nsomba timadyana, koma osati pa lendi!"

Koma m'mawa mwake Mlamba atasambira kufika kumizu, adapeza mwala waukulu pakhomo, m'mbali mwake mwamatidwa bwinobwino. Khomo la patsinde lidali pululu, ngati silidatsekedwepo chilengedwere.

"Layang'ana kumtunda," adatero Mlamba, atatulutsa mutu wokha. "Pitani kwa a Njiri."

"Ndinayambira kumeneko!"

"Ndiye kuti njira mukuidziwa."

Masiku adatsala awiri. Gologolo adakhala pakhomo osayimba, osalira. Ng'azi adadutsa, nasuzumira m'kati, nauza Kamchira kuti azidya kwambiri.

Gologolo adamuyang'ana akupita, dothi lidakali kumchira. Adaganiza: chisamani chikafika, amata. China chikafika, amata. Ng'aziyu ndi wochenjera, koma nzeru yake ndi imodzi yokha, ngati ya msampha, umene umafwamphuka ngakhale waponyapo chikuni. Nanga zisamani zitafika zitatu tsiku limodzi? Adaseka mokweza, mpaka ana adabisala kumbuyo kwa lichero.

Adayambira kwa Njiri.

"Bwana, sindinabwerere mlandu. Ndangomva chisoni ndi zimene akukunenani a Khwangwala. Akuti woweruza wogwadira chakudya amagwadiranso eni nyumba."

"Watero? Wodya zovundayo? Mawa ndili pamkuyu! Aone ngati ndigwade!"

Kwa Khwangwala adanena motsitsa mawu: "A Mlamba akuti kolala yanuyo ndi yobwereka, n'chifukwa chake mumaopa kuinyowetsa."

Kwa Mlamba adamira kamodzi kokha, ndipo mpweya udakwanira: "A Njiri akuti inu si woweruza, ndinu ndiwo."

Dzuwa lisanapendeke, zisamani zitatu zidali m'manja mwa Ng'azi, zonse za m'mawa umodzi.

Pobwerera Gologolo adadzera kwa Nkhanga, mayi amene nkhani siigona m'kamwa mwake.

"Achemwali, ndikuuzeni chinsinsi, koma musauze aliyense. Mawa pamkuyu paoneka dzira lalikulu kuposa mazira onse."

"Ine? Kuuza wina? Mumandidziwa, amake Kamchira!"

Gologolo ankamudziwadi. Ankadziwanso chinthu china chimene nyama sizinkachitchula mokweza. Kupatula mabwalo atatu aja, kudali bwalo la amayi oikira mazira. Ilo lidalibe malire, pakuti dzira limaikiridwa pansi, m'mwamba ndi m'madzi momwe. Silinkaweruza za nyumba kapena za minda, koma za mazira okha, ndipo wapampando wake adali Nsato. Ng'azi, amene adatha mazira a nkhwali ndi a ng'ona omwe, adali atachenjezedwa komaliza: akadzapezeka ndi dzira, adzamezedwa kuyambira kumutu.

M'mawa Gologolo adafuna kutulutsa ana kuti akawasiye kwa mnansi Ng'azi asanayambe kumata. Adatsika kukaona ngati njira ili bwino. Sadachedwe. Koma pobwerera adapeza Ng'azi akutsuka mchira, ndipo mkuyu wonse udali see, wopanda ndi kabowo komwe.

"Ana anga ali kuti?"

"M'katimo. Chikole, mayi. Mumati muwazembetse ine ndili maso?"

Dziko lidamuzungulira Gologolo. Izi sadaziganizire. Adalumphira padothi lija nayamba kukanda, koma mchira wa Ng'azi udamukwapula, nagwa chagada. Adaika khutu pamtengo. M'katimo wamng'ono ankalira, ndipo Kamchira ankamutonthoza kuti kwangoda msanga.

"Muwapha! Mulibe mpweya mmenemo!"

"Ndiye oweruza anuwo afulumire. Akapita nditsekula."

Oweruza adafika pamodzi, osapatsana moni. Kumbuyo kwawo kudabwera khamu limene Ng'azi sadaliyembekezere: nkhanga, nkhwali, abakha, achule, akamba, onse amayi, onse akufunsana kuti dzira lija lili kuti. Nkhanga adalitu asanauze aliyense, kupatula dziko lonse.

Njiri adazungulira tsinde. "Kuno kulibe khomo."

Khwangwala adajompha panthambi. "Kunonso kulibe."

Mlamba adavuuka. "Ndi kuno komwe."

Adayang'anana. Mkwiyo umene adabwera nawo udasowa pogwira.

Ng'azi adadzitukumula. "Mabwana, mwadzionera nokha. Mlandu umatsata khomo. Nyumba yanga ilibe khomo. Ndiye ndi bwalo liti lingandiuze lendi yoti nditchule? Palibe! Ndikafuna mwana, ndi mwana. Ndikafuna awiri, ndi awiri."

Khamu lidati "Haa!" Bakha wina adakomoka. Koma oweruza adayamba kutembenuka, aliyense kuyang'ana njira ya kwawo.

Gologolo adaimirira. M'mtengo muja kulira kudali kutachepa.

"A Ng'azi, ine makutu anga analowa madzi. Mwati nyumbayi ndi ya yani?"

"Yanga!"

"Ndipo ili ndi makomo angati?"

"Ilibe khomo! Ndinene kangati?"

Pamenepo Gologolo adakuwa ndi mawu onse amene adatsala nawo:

"Chilape!"

Tsono palibe amene adaleredwa ndi mayi angamve mawu oyambira ndagi amenewo n'kukhala chete. Pakamwa pamayankha pokha mutu usanaganize. Khamu lonse, ndi oweruza omwe ali chitembenukire, lidati:

"Nachize!"

"Nyumba yopanda khomo!"

"Dzira!" adakuwa Njiri, Khwangwala ndi Mlamba nthawi imodzi, aliyense pofuna kuyankha anzake asanayankhe.

Njiri adagwira pakamwa. Chimene oweruza atatu anena pamodzi pamaso pa khamu ndi chigamulo, ndipo chikatuluka sichibwerera.

Kumbuyo kwa khamu chinthu chimene onse ankachiyesa chipika chidayamba kusuntha. Amayi adapatuka. Nsato adabwera pang'onopang'ono, osafulumira, nadzutsa mutu mpaka kulingana ndi maso a Ng'azi.

"Ndamva kuti pano pali dzira."

"Ndi mtengo, mayi! Mkuyu! Aliyense akuuona!"

"Oweruza atatu ati dzira. Iwe ndiwe wachinayi?"

"Ayi, koma..."

"Lili ndi khomo?"

Ng'azi adayang'ana oweruza aja. Akati lilipo, afunsidwa kuti lili pati, ndipo atatu onse ali pomwepo, okwiya kale.

"Lilibe."

Gologolo adathamangira patsinde, nayamba nyimbo yake ija ya mlandu wa mmphawi, mawu akusweka. Adayimba funso loyamba. Palibe adavomera. Adayimbanso, akumenya mtengo ndi zikhatho. Ndipo kuchokera m'kati, chapansipansi ngati mawu a m'maloto, timawu tiwiri tidavomera. Tiwiri tokha.

Amayi onse adakuwa pamodzi: "Muli moyo! Likufuna kuswa!"

Nsato adazinga thupi lake kamodzi kuzungulira Ng'azi, osamukhudza.

"Ndikufunsa kamodzi, Ng'azi. Dzira ili ndi lako?"

"Ndi langa, ndinali... ndiye kuti..."

"Unaikira ndiwe? Tambala waikira liti?"

"Ayi!"

"Ngati sunaikire koma ndi lako, ndiye kuti unaba. Ndipo chimene ndinakulonjeza ukuchikumbukira." Nsato adayasamula pang'ono, kungoti Ng'azi aone kukula kwa njira.

"Si langa!"

"Kweza mawu. Amayi akumbuyo sanamve."

"Si langa! Sindinalionepo! Ndimangodutsa!"

"Mwamva nonse. Nanga dzira lopanda mwini ndi la yani?"

"La mayi wa zimene zili m'katimo!" adayankha amayi aja, ndipo sadadikirenso chilolezo. Milomo makumi makumi idagwera padothi la patsinde. Njiri adafuna kunena kuti mwina ayambe atsekula la kumwamba, kuti khomo lisayang'ane kubwalo lake, koma Nkhanga adamujompha pamphuno, nakhala chete.

Dothi lidagumuka. Ana awiri ang'onoang'ono adatuluka akukwawa, akutsokomola. Gologolo adalowa, natuluka atanyamula Kamchira pakamwa, ali lobodo ngati chiguduli. Adamugoneka pansi. Adamunyambita kumaso, namugwedeza, namuitana dzina. Achule adamuwaza madzi. Palibe amene ankapuma.

Kamchira adayetsemula. Adatsekula diso limodzi, naona amayi a mazira onse atamuzungulira, akumuyang'ana ngati kamwanapiye.

"Amayi," adatero, "kodi ndaswa?"

Gologolo adalira ndi kuseka nthawi imodzi, mpaka adasowa chochita, namutsina khutu.

"Waswa, mwanawe. Waswa ndi ubweya womwe."

Mbiri idawanda tsiku lomwelo. M'mawa mwake aliyense wochita lendi m'mphako za abale a Ng'azi adali ndi dothi m'manja, akuyang'ana khomo lake ndi maso achilendo. Eni nyumba adachita mantha. Amene ankathawa mabwalo zaka zonsezo ndi amene tsopano adathamangira kwa oweruza, akugwada, akupempha kuti chonde liwoneke bwalo limodzi loti lizitchula lendi yoyenera, Nsato asanalande nyumba zonse. Oweruza nawo, poona kuti milandu ikuwathera m'manja, adapeza chipika chimene mutu wake uli pamtunda, miyendo m'madzi, nthambi m'mwamba, nayamba kukhalapo atatu onse. Lendi idabwerera pa lichero limodzi, ndipo kutchula mwana kudakhala mlandu woposa kuba.

Gologolo sadalipirenso kanthu, poti mkuyu udali wake mwa chigamulo. Mwezi utaoneka, adakhala panthambi ndi ana ake atatu, akuwawerenga mobwerezabwereza ngati kuti angachepe.

Ng'azi adapulumuka kukamwa kwa Nsato, koma sadapulumuke wathunthu. Pofuna kunena kuti "yanga" ndi "si yanga" m'mawa umodzi womwewo, lilime lake lidakokera uku ndi uku mpaka lidang'ambika pawiri. Mukamuona lero akulitulutsa ndi kulibweza, musamufunse kanthu. Adakali kuyesa kusankha mbali yoti alankhulire.

Yanga yathera pompa. Amene adaotcha mbatata akaiphule, ngati makala amusiyirako.